Maina a Kuseri kwa Zithunzi

Panja kunamveka mabelu a mbuzi, kenaka kugogoda kwamphamvu pachitseko. Gunvor anakumbatira khanda lake mwamantha. Ankadziwa ndithu kuti ndi a julebukk, anansi ovala zigoba kumaso ndi zikopa za mbuzi, oyenda khomo ndi khomo Khirisimasi ikangodutsa. Mantha ake sanali pa iwo. Maso ake anali pa apongozi ake, a Eilif.

A Eilif anakalamba akuyendetsa galimoto yonyamula mkaka m'chigwa cha kwawoko. Kamera anaigula ali mnyamata, ndipo kwa zaka makumi anayi anajambula zonse: amayi akuphika mikate ya lefse, ng'ombe zikukwera kumapiri m'chilimwe, maukwati, maliro. Pa julebukk ndiye panalibe wowaposa. Mwambo wake ngwakuti eni nyumba atchule dzina la wobisala aliyense asanam'patse mowa ndi makeke, ndipo iwo ankazindikira munthu ndi mayendedwe okha.

Koma chaka chino Gunvor ankaona zina. Makiyi a apongozi akewo anawapeza mufiriji. Dzulo lake apongoziwo anam'funsa kuti khandalo ndi la yani. Sanauze munthu, ngakhale mwamuna wake.

Obisala anayi analowa, chipale chofewa chikuyoyoka kunsapato.

"Tatitchulani, madala!" anatero wamtali, atasintha mawu. "Kapena maso anatha n'kusuzumira m'kabokosi kanuko?"

"Iwe ndiwe Oddvar. Matewe amenewo chikopa sichingabise."

Onse anafa nacho chiseko. A Eilif anatchula wachiwiri, anatchula wachitatu. Pa wachinayi anaima. Anam'zungulira, kamera ili m'manja, mpaka ujayo anatopa n'kuvula chigoba. Anali Sindre, mwana wawo yemwe, mwamuna wa Gunvor.

"Lero ndakupezererani, bambo!"

A Eilif anam'yang'ana nkhope nthawi yaitali. "Pepani achimwene," anatero mwaulemu, "kodi ndinu a kwa yani?"

Oddvar anaseka poyesa ndi nthabwala, koma chisekocho chinatha msanga. Chigoba cha Sindre chinali lende m'manja mwake. Mowa sunamwedwe.

Alendo atapita, Gunvor anawapeza apongozi ake m'chipinda chosungira zithunzi, makatoni ali chitsegulire. Zithunzi zinali miyandamiyanda, ndipo kuseri kwake kunali mbee, kopanda cholembedwa. Maina a anthu onsewo ankawasunga m'mutu basi.

"Sindre uja, mwana wanga, ndinam'funsa kwawo," anatero osacheuka. "Iwe unadziwa kale, eti mwanawe?"

"Eya, bambo. Ndimaopa kunena."

Anatola chithunzi cha mayi wina akukama mbuzi, nachiyandikiza kunyali. "Awa ndi a Borghild a kumtunda. Lero ndikuwadziwa. M'chigwa muno wina wowadziwa palibenso."

Khanda linalira kuchipinda china, koma Gunvor sanasunthe.

"Mawa m'mamawa, mutu usanasokonekere, ubwere ndi pensulo," anatero a Eilif. "Ine ndizitchula, iwe uzilemba. Tiyambira akufa. Amoyo adzitchula okha."