Dzanja Limene Ababa Anapereka

Nsalu yatsopano ili ndi fungo lake, la utoto ndi sitachi, ndipo mpaka lero ndikalimva ndimabwerera ku Thamesmead, dera lina la ku London, m'nyengo yozizira imene ndinali ndi zaka khumi. Tinkakhala m'fulati ya pamwamba, ndipo masitepe ake ankanunkha simenti yonyowa ndi mkodzo wa agalu. Mphepo ya kumtsinje inkalowa m'mazenera ngakhale amayi atatseka mipata ndi masokosi akale. Nsalu imene ndimakumbukirayo inabwera m'sutikesi ya azakhali anga kuchokera ku Limbe. Inali yofiira ndi buluu, ndipo ponseponse panali nkhope ya munthu wakuda amene anali atangosankhidwa kukhala pulezidenti wa America. Wojambulayo anamuwonjezera makutu mopanda chifundo.

Ababa anali mphunzitsi wa mbiri yakale ku sekondale ina ku Dedza. Ku London ankasambitsa agogo a eni ake m'nyumba yosamalira okalamba, koma uphunzitsi sunawatuluke m'magazi. Popeza analibe kalasi, kalasi ndinali ine. Loweruka lililonse masana ankatsegula buku lopanda chikuto limene laibulale inataya, n'kumandionetsa mapulezidenti a America mmodzimmodzi, azungu okhaokha oposa makumi anayi, ena andevu ngati mbuzi. Za malamulo amene anasayina zinkalowa uku n'kutulukira uku. Ine mtima unali pa anayi amene anawomberedwa n'kufa.

Woyamba anatsogolera nkhondo imene inathetsa ukapolo, ndipo anamuwombera kunkhongo akuonera sewero ndi mkazi wake. Wachiwiri anamuwombera pamsana pa siteshoni ya sitima, madokotala n'kumapisa zala zosasamba m'balamo mpaka munthu anawola akadali moyo. Wachinayi anamuphulitsa mutu m'galimoto yopanda denga, mkazi wake n'kukana kuvula diresi lodzaza magazi. Koma amene ankawawa Ababa anali wachitatu. Iye ankapereka moni kwa anthu amene anaima pamzere. Panabwera munthu atakulunga dzanja ndi mpango ngati wavulala, pulezidenti n'kumutambasulira dzanja, osadziwa kuti m'mpangomo muli mfuti. Ababa akafika pamenepa ankatseka buku n'kupukusa mutu. Ankati munthu wowombera mnzake amene wamupatsa dzanja sanaleredwe ndi anthu.

Ine masamu anga anali achidule. Ngati azungu anapha azungu anzawo anayi, nanga uyu wa khungu ngati lathu amusiya bwanji? Kusukulu mnyamata wina anandiuza kuti bambo ake akuti pulezidenti watsopanoyo sadzafika n'komwe pa tsiku lolumbira. Kuyambira pamenepo ndinkamupempherera m'mawa uliwonse, nditagwada pa kapeti yozizira pafupi ndi hita. Ndinkayamba ndi iye, kenako mkazi wake ndi ana ake. Nthawi zambiri amayi ankandiitana kuti ndikamwe tiyi ndisanafike pa mayina a anthu a m'nyumba mwathu.

Chonsecho zoopsa zathu zinali pafupi, pa siteji ya basi pafupi ndi mashopu. Pamenepo pankaima azibambo atatu achizungu ndi galu wa mutu waukulu womangidwa tcheni, zitini za mowa zili m'manja kuyambira masana. Ankatilira ngati anyani tikamadutsa, ndipo tsiku lina analavulira nsapato za amayi. Amayi anayamba kuyenda mpaka siteji yotsatira, mvula kaya matalala. Ababa ayi. Iwo ankadutsa pomwepo n'kuwapatsa moni tsiku ndi tsiku, ati munthu ukamamulonjera mosalekeza, tsiku lina manyazi amamugwira. Miyezi inatha, manyaziwo sanabwere.

Pa nsalu ija amayi anasoka malaya a Ababa, duku langa, yotsalayo n'kukhala chitenje chawo. Makina osokera anagunda masiku atatu, ulusi wofiira uli mbwee pansi. Atamaliza anauza Ababa kuti malayawo azivala mkati mwa jekete mpaka tikafike kumene tikupita. Anawakumbutsa za msuweni wawo amene anavulidwa pamsika kwathu chifukwa chovala nsalu ya chipani cholakwika. Ababa anaseka. "Kuno si kumudzi, make Tadala. Kuno kuli law."

Tsiku lolumbira linafika. Anzathu a kutchalitchi anagwirizana zokaonera pamodzi ku Greenwich, kwa nesi wina amene anali ndi TV yaikulu. Tinanyamuka nditangoweruka kusukulu, kunja kukuwalabe. Ababa anavala malaya aja pamwamba pa juzi, jekete n'kulisiya lotsegula kuti dziko lione. Ananyamula mandasi otentha m'jumbo, ndipo ndinkamva fungo lake tikutsika masitepe. Tinali titachedwa, choncho ngakhale amayi sanatsutse zoima pa siteji ya pamashopu.

Atatu aja analipo. Wometa mpala ndiye anayamba, analoza malaya a Ababa n'kunena mawu amene sindiwalemba pano. Anzake anaseka. Kenako anabwera kwa ine, n'kuzula duku kumutu kwanga pamodzi ndi tsitsi pang'ono, n'kuliponyera galu. Galuyo analiponda m'chithaphwi n'kuyamba kuling'amba. Amayi anandikokera kumbuyo kwawo.

Ababa anachita zimene bambo awo anawaphunzitsa pokambirana ndi munthu wokwiya. Anaika mandasi pansi. Anavula chipewa n'kuchipana m'khwapa. Anasendera pafupi, n'kutambasula dzanja lamanja, lamanzere litagwira pachigongono mwaulemu, mawondo atapinda pang'ono, mutu atazolikitsa. "Pepani, my friend, tisayambane lero. Today is a good day."

Kwathu munthu akakufikira chotero, ngakhale unakwiya bwanji, umaimika kaye. Koma munthu uja sankadziwa za kwathu. Iye anangoona manja awiri atatanganidwa ndi nkhope ili poyera. Ine ndinaona tcheni cha galu chimene anali atakulunga kudzanja lake, ndipo ndinakumbukira mpango wa m'buku lija. Ndisanakuwe n'komwe, iye anaponya chibakera.

Chibakeracho chinatera pakhutu lakumanzere, chinamveka ngati munthu waponda chitini. Ababa anagwa cham'mbali, mutu n'kugunda chitsulo cha sitejiyo. Kenako zinali nsapato. Ankawaponda m'nthiti, m'mimba, kumaso, mmodzi akatopa wina n'kulowa, ndipo sankalankhula, ankangopumira m'mwamba ngati anthu akugwira ntchito. Magalasi a Ababa anaphwanyika pansi pa chidendene. Magazi anatuluka m'khutu ndi m'kamwa n'kuyenderera pamalaya, nkhope zonse za pulezidenti za pachifuwa zinafiira.

Amayi anakuwa mmene amakuwira kwathu, mfuu ija imene imatulutsa anthu m'nyumba ndi mipini ndi miyala. Anakuwa m'Chichewa, n'kukuwanso m'Chingerezi. Ndinayang'ana mafulati otizungulira, mazenera ambirimbiri, ndipo ndinaona makatani akugwedezeka. Palibe chitseko chinatseguka. Pamenepo amayi anadziponya pamwamba pa Ababa, nsapato ina n'kutera pamsana pawo. Chimene chinatipulumutsa ndi basi. Dalaivala anaona zimene zikuchitika, anagona pa hutala osachotsa dzanja, ndipo atatuwo anachoka akuyenda pang'onopang'ono, galu akukoka duku langa. Mandasi anali atamwazika m'matope.

Kuchipatala anesi anadula malaya aja ndi sizasi, pakati penipeni pa nkhope. Ine anandikhazika m'chipinda chodikirira, chonunkha mankhwala opukutira pansi. Pakhoma panali TV, ndipo pansi pake panaima anesi ndi okolopa, ambiri akuda, ena akupukuta misozi. Ndinamuona pulezidenti wanga atakweza dzanja, anthu atadzaza mpaka kosaoneka. Ndinadikira kulira kwa mfuti, mano ali gwa. Sikunamveke. Atandilola kulowa, Ababa anali atatupa moti ndinawazindikira ndi manja okha. Anandiyang'ana ndi diso limodzi.

"Walumbira?"

"Walumbira, Ababa."

"Sanamuchite kanthu?"

Ndinapukusa mutu. Anayesa kumwetulira, pamlomo n'kung'ambikanso.

Nthiti zinapola, koma khutu lakumanzere linafa mpaka lero. Atatu aja anasowa pamashopu kwa milungu ingapo, kenako awiri anabweranso. Buku la mapulezidenti silinatsegulidwenso Loweruka, ndipo ine sindinafunse. Ndinali ndi chinsinsi changa. Ndinkakhulupirira kuti Mulungu anamva pemphero langa ndithu, koma nkhonya imene inakonzedwera tsiku limenelo inayenera kutera penapake, ndipo inatera pa munthu amene ndinkamuiwala popemphera. Ndinasenza zimenezo zaka zambiri osauza munthu, ndipo pulezidentiyo akaoneka pa TV ndinkatuluka m'chipinda chifukwa ndinkamuda.

Tsopano ndine wamkulu, ndipo ndikudziwa kuti atatu aja sankadziwa za mapemphero anga. Munthu ndinkamuopera uja anali ndi asilikali pa denga lililonse, analamulira zaka zisanu ndi zitatu n'kuchoka ndi imvi zokha. Ababa anali ndi chipewa m'khwapa. Kale ndinkaganiza kuti chimene anataya tsiku lija ndi khutu. Koma chaka chatha tili m'basi ku Romford, kumene akukhala tsopano, mnyamata wina wachizungu anawapatsa mpando n'kuwatambasulira dzanja kuti awathandize kukhala. Ababa anayang'ana dzanjalo, manja awo osatuluka m'matumba a jekete. Ndikapita kukawaona ndimakhala mbali yakumanja kumene amamva, ndipo ndine ndimayamba kupereka dzanja, lamanzere litagwira pachigongono, n'kudikira.