Wotiphunzitsa Kumwetulira

Chaka chimene mvuu inagubuduza bwato la mwamuna wake, mayi wotilembera makadi a ana pakiliniki yathu ku Mburuma anasanduka munthu wina. Mtembo sunapezeke. Mayiyo ankabwera kuntchito mochedwa, kulemba sikelo ya mwana uyu pakhadi la uja. Ine ndinali nesi, ndinamva ndekha akulu akunena kuti akalakwitsanso kawiri, ntchito yatha. Anali ndi ana anayi.

Mwezi womwewo anatitumizira mkulu wina wa ku Lusaka kudzatiphunzitsa kuganiza zabwino. Tayi pakhosi, m'dzuwa lotentha la kwathu ku Feira! Thukuta lili kamukamu, koma pakamwa osapuma. Akuti mavuto onse ali m'mutu. Akuti m'mawa uliwonse tiziima pagalasi n'kumwetulira. Kenako analoza mayi uja, ali m'zovala zakuda.

"Mayi, nkhope imeneyo siyopititsa ntchito patsogolo. Tasekani tione!"

Ha! Kuseketsa namfedwa pagulu ngati mwana wa giredi wani? Munthu wophunzira, koma nzeru zochepa ngati mchere wapachala. Mayi uja anaonetsa mano, misozi ili mbwembwembwe, mkuluyo n'kuwomba m'manja. Ndinapsa mtima kwabasi.

Mkuluyo atapita, ife tinangochita zimene timachita pamaliro. Tinagawana masiku. M'mawa mmodzi wa ife ankakamutenga mayiyo kunyumba n'kuyenda naye, osamufunsa kanthu. Ine ndinkakhala pambali pake, iye akulemba, ine ndikuwerenga sikelo mokweza. Loweruka lina tinakwera naye lole ya makala mpaka ku Mphuka, tinakakhala pagombe pomwe bwato linanyamukira. Analira mpaka mawu kutha.

Pofika nthawi yokolola mapira, makadi ake anali oyera kuposa anga. Anayambanso kukalipira azimayi obwera mochedwa. Za kumuchotsa ntchito sizinamvekenso.

Kenako tinamva kuti mkulu uja akumutchula m'misonkhano ku Lusaka, akuti mayi wa kumudzi amene iye anamuchiritsa ndi maphunziro a tsiku limodzi. Wopanda manyazi! Ndinathamangira kwa mayi uja ndili fuu, kuti titukwanire limodzi.

Sanadzutse n'komwe mutu pamakadi.

"Musiyeni, asisita. Zikadzamugwera, tidzapita kukakhala naye."

"Ine? Phazi langa silidzapondako!"

"Mudzapita," anatero. "Kwa ine munabwera mwezi wathunthu, chonsecho kale simunkandipatsa ndi moni womwe."