Kulira kwa amayi mu filimu ya achimwene

Achimwene anga amaimba piyano. Ndiwo amapeka nyimbo zija zimamveka chapansipansi m'mafilimu, zokuuzani kuti apa lirani, apa opani. Anthu a ku Thambani amawanyadira kwabasi, ati mwana wathu watchuka. Ine ndimangoti eya, chifukwa ndikukumbukira pomwe anayambira, pa kiyibodi ya kutchalitchi kwathu, yoyendera batire la galimoto, mabatani atatu ali akufa. Lero akabwera kumudzi sagwira khasu ngakhale chidebe, ati zala zingavulale. Zala! Ngati enafe tinabadwa ndi ziboda.

Abambo atamwalira, iwo anafika mochedwa kuchokera ku Blantyre, magalasi akuda kumaso, chikwama paphewa. Bokosi sananyamule nawo, zala zomwezo. Kwathu amuna amakhala panja, azimayi ndi amene amakhala m'nyumba ya siwa ndi thupi. Koma achimwene anakakhala pakhomo penipeni, mutu atazolika, m'manja muli kanthu kaubweya ngati mbewa. Azimayi a kutchalitchi ananong'onezana kuti chisoni chamupweteka mwana wamwamuna. Nanenso ndinawamvera chisoni, kupusa kwanga.

Pamene adzukulu ankatulutsa bokosi, amayi analira kulira komwe sindinakumvepo chibadwire. Ankawafunsa abambo kuti dimba alisiyira yani, nanga bwanji sanatsanzike, ndipo ankawaitana ndi dzina lomwe sankawatchula nalo pamaso pa ana. Mawu otere sasungidwa ayi. Amatuluka tsiku limenelo, n'kupita limodzi ndi maliro.

Patatha chaka achimwene anandiimbira foni, chimwemwe chili pakamwa. "Achemwali, filimu ija yatuluka! Anthu akunja akuti sanamvepo zotere. Mawu a amayi ndi amene awagwira mtima."

Apo m'pamene ndinazindikira kuti kambewa kaja kanali kojambulira mawu.

"Amayiwo munawapempha?" ndinafunsa.

"Aa, inu simungamvetse. Limeneli ndi luso."

Koma abale inu! Luso lake liti, lotchera msampha pa maliro a bambo ako? Ndinameza mkwiyo, n'kuwachonderera chinthu chimodzi chokha, kuti amayi asadzaione filimuyo. Asadziwe kuti kulira kwawo kukuyendayenda m'maiko a eni, anthu akukumvera uku akutafuna mtedza.

Koma munthu wozolowera kuwomberedwa m'manja samva za mnzake. Loweruka lina masana anatulukira ndi laputopu yoonetsera filimuyo, n'kuitana anansi, mpaka akuluakulu a mpingo. Mawindo anawatchinga ndi zitenje. Ndinayesa kuwanyengerera amayi kuti andiperekeze kumsika, anakana. "Iwe pita wekha, ine ndione ntchito ya mwana wanga." Anali atasamba, atavala chitenje chatsopano, n'kukhala kutsogolo.

Filimuyo inali ya mkazi wina wa m'tauni yemwe mwamuna wamuthawa. Itafika poti mkaziyo akulongedza zovala m'sutikesi, piyano inayamba pang'onopang'ono, kenako mawu a amayi anatulukira, akufunsa za dimba, akuitana dzina lija. Akuluakulu a mpingo anayang'ana pansi, mayi wina anagwira pakamwa. Achimwene okha ndi amene ankagwedeza mutu motsatira nyimbo, atatsinzina, ngati munthu amene akumva kutsekemera kwa nzimbe. Ndinalakalaka n'tawamenya nayo laputopu yomweyo.

Amayi anakhala chikhalire mpaka filimu inatha. Anansi anatuluka mmodzimmodzi, osatsanzika bwinobwino. Achimwene, osaona chilichonse chachilendo, anamwetulira n'kufunsa, "Nanga amayi, mwaiona bwanji?"

Amayi sanawayang'ane n'komwe. Anatembenukira kwa ine, n'kunena mosakweza mawu.

"Iwe, ine ndikadzafa, uyu udzamuuze mutandiika kale."