Mwala Wopanda Dzina la Fintan

Ku kalabu yathu ya anthu a ku Ireland kuno ku Birmingham, aliyense amawadziwa kuti ndi a Jimmy Walsh. Ine ndakhala ndikuwaphikira mbatatesi ndi kabichi Lachinayi lililonse kwa zaka khumi ndi zinayi, ndipo ndinkadzitama kuti ndimawadziwa bwino. Ndi nkhalamba ya mapewa aakulu, yosakwatira, imene inathera mphamvu zake pokumba ngalande za mzinda uno. Tiyi wanga amamunyoza nthawi zonse, koma makapu atatu salephera.

"Iwe Attracta, tiyi ameneyu masamba wangomuonetsa ali patali eti?"

"Ngati simukumufuna, bambo, madzi ali pampopi apo."

Chaka chatha kunabwera Mayi Heslop, mphunzitsi wa mbiri yakale ku yunivesite. Ankalemba buku la mmene anthu athu anafikira kuno, amene ankawavotera, ndi mmene andale a ku England ankatinenera. Analinso ndi ntchito ina: komiti ya kalabu yathu inkakonza mwala wa chikumbutso cha anthu athu amene anafera pa ntchito, ndipo iwo ndiwo ankasonkhanitsa mayina. Anatiwerengera mndandandawo tikudya. Atafika pa "Malachy Durkan, 1961", a Jimmy anasiya kutafuna.

Anthu atabalalika, ine ndikupukuta matebulo, a Jimmy anawaitana mayiwo.

"Mayi, Malachy Durkan mwamuphayo ndi ineyo. Amene anafa ndi Fintan, mng'ono wanga."

Ndinakhala pansi nsanza ili m'manja.

Masiku amenewo dzina linali ngati jekete, ankabwerekana. Fintan anatsatira mkulu wake kuchokera kwawo ku Mayo, ku Ireland, ali ndi zaka khumi ndi zisanu ndi chimodzi, wosakwana kulowa m'ngalande zakuya. Malachy anamubwereka khadi lake la ntchito, iye n'kumagwira kwina kumene sankafunsa makhadi. Sabata yachitatu dothi linagumukira mnyamatayo.

"Kapitawo anandikokera kuseri kwa lole," anatero a Jimmy. "Akuti, 'Wafayu ndi Malachy, khadi likutero. Ukatsegula pakamwa, iwe ndi ine tonse kundende.' Ine zaka makumi awiri, kusukulu ndinangodutsako. Ndinasaina kupolisi kuti mtembowo ndi wa Malachy. Mawa lake anandipatsa khadi la Jimmy Walsh wina amene anapita ku Amereka."

"Nanga mayi anu munawauza chiyani?" anafunsa Mayi Heslop.

"Ndinawalembera kuti Fintan wapita ku Australia. Anamwalira akumutukwana kuti ndi mwana wosalemba kalata."

"Zaka zonsezi osakakonza?"

"Ndinkati mawa, mawa. Kenako mabomba aja a zigawenga za kwathu anaphulika mumzinda muno. Inu munali musanabadwe. Munthu wa kwathu ukangolankhula m'basi, maso onse pa iwe. Ndiye ndipite kupolisi ndekha, ndikati ndimayendera dzina la mwini? Tinasoka pakamwa tonse, mayi. Koma pamwalapo lembanipo Fintan. Ndapempha chimenecho basi."

Mayi Heslop ndisawanamizire, anayesetsa. Anawoloka nyanja mpaka ku Mayo, ndipo m'buku la ubatizo anapezamo Fintan Durkan, wobadwa 1945. Kuchokera pamenepo, zii. Palibe pepala lonena kuti anakwera sitima, kapena kuti anapondapo ku England. Kapitawo uja anafa kalekale, anzawo a pa lole onse anatha, makalata a kumudzi anawotchedwa nyumba itagulitsidwa. Komiti nayo inali ndi lamulo lake: dzina lopita pamwala lifanane ndi la pa chikalata cha imfa.

Anabwera kudzawauza okha, Lachinayi lina.

"Ine ndikukukhulupirirani, bambo. Koma komiti ikufuna pepala."

"Nanga ineyo si umboni? Ndigwireni apa! Wakufa amatentha chonchi?"

"Mapepala anu onse akuti ndinu Jimmy Walsh."

Apa ine mtima unandikwera. Ndinawafunsa Mayi Heslop kuti sukulu yonseyo anaphunzirira chiyani ngati pepala lolembedwa ndi kapitawo wabodza likuposa munthu wamoyo. Anangovula magalasi n'kumawapukuta, misozi ili lengelenge, ndipo ndinachita manyazi. Ndinkafuna woti ndimukalipire, koma panalibe.

Bukulo litatuluka anatibweretsera limodzi. A Jimmy maso anafooka, choncho ndinawawerengera ine. Nkhani yawo inalimo, m'timalemba ting'onoting'ono pansi pa tsamba, mizere inayi: bambo wina wa ku Mayo akuti amene anafa anali mng'ono wake.

"Werenga pamene pali dzina lake."

"Palibe, bambo."

Mayi Heslop anafotokoza kuti malamulo a ku yunivesite salola kutchula mayina pamene munthu waulula mlandu, kuopa kumuika m'mavuto. Ankawateteza. A Jimmy anaseka pang'ono, kuseka kowawa.

"Mukunditeteza kwa ndani, mwanawe? Ndili ndi zaka makumi asanu ndi atatu kudza zitatu."

Mwalawo anautsegulira Loweruka m'mawa, kukuwaza mvula. Kunabwera wansembe, makhansala ndi oimba zitoliro. Ine ndinawagwira mkono a Jimmy, atavala suti yawo ya pamaliro. Ndinkaopa kuti akuwa, ndipo mumtima ndinkafuna akuwe, chifukwa ndikanawathandiza. Wansembe anawerenga mayina mmodzimmodzi, makumi anayi ndi awiri. Atati "Malachy Durkan", anthu anayankha kuti mzimu wake uuse mumtendere. A Jimmy anangovula chipewa.

Anthu atapita kukamwa tiyi, ife tinatsala. A Jimmy anayendetsa chala pa zilembozo pang'onopang'ono mpaka kumapeto, mvula ikuwatsikira m'khosi. Ndinangowafunditsa ambulera.

"Attracta," anatero osandiyang'ana, "mwanayu wagona ndi dzina langa. Nanga ine ndikadzafa mudzalemba ndani?"