Pasiwedi ya Amayi

Kampani ya boma imene bambo ankagwirako itagulitsidwa, ndinaona kuti kukomboni kwathu ku Chawama kulibe changa. Ndinakwera basi ya ku Joni. Mkati mwa sabata ndinkaphunzira za chitetezo cha makompyuta ku yunivesite, Loweruka ndinkalondera magalimoto a eni. Kandalamako kankathera lendi. Wocheza naye panalibe, kupatula makompyutawo.

M'kalasi tinkakangana za akuba a pa intaneti, koma mphunzitsi wathu ankati chiboo chachikulu ndi munthu, osati makina. Choncho nditawatsegulira amayi imelo, ndinawaimbira pa foni ya aneba.

"Pasiwedi iyi musauze munthu, ngakhale abusa."

"Iwe, nine mwana ine?" anatero.

Chaka chachitatu ndinalakwa mayeso, ondilipirira fizi n'kusamba m'manja. Manyazi anandigwira, chifukwa komboni yonse inkanditchula kale kuti ba Injiniya. Ndinalembera amayi okha imelo, ndinati zithere pakati pa ine ndi iwo.

Nditabwerera ku Chawama, a Phiri, telala wa pafupi ndi kwathu, anaimitsa makina. "Ba Injiniya, mwabwela!" Amayi a kwaya anandipatsa moni mwaulemu. Za digiri palibe anafunsa. Mumtima ndinati, eya, phunziro lija linamveka.

Tsiku lina ndinaperekeza amayi ku kafe ya intaneti. Agnes, mwini malowo, anangolemba pasiwedi ija osafunsa.

"Mwaiziba bwanji?" ndinamufunsa.

"Ah, imwe! Ba mami banu maso yanavuta kudala. Nine nimababelengela. Na matu sibamvela bwino, so nimakweza mau."

"Na imelo ija ya mayeso?"

"Nayo. Laini inali itali siku ija. Ba Phiri banali apa, na bazimai ba kwaya."

Amayi ankangokonza chitenje chawo, maso pansi.

Lero ndimakonza makompyuta pamsika. Ndikamakumbukira mikangano ya m'kalasi ija, ndimaona kuti panali mtundu wina wa chinsinsi umene sitinaukambe: chija aliyense akuchidziwa, koma palibe angakuuze kuti akuchidziwa. Zaka zapita, wondifunsa za pepala la digiri lija sanapezekebe.

M'mawa uliwonse ndimadutsa pa a Phiri, iwo n'kuimitsa makina.

"Ba Injiniya!"

Ndimavomera.