Dothi Lomwa Mkaka ku Ilford

Chaka chomwe ndinkachita lendi kachipinda ku Ilford, alandilodi anga anali bambo wachimwenye, wamfupi, mimba ngati mgolo. Lamulungu lina masana anandiitana kukaonera filimu yanthabwala ya kwawo, ya Chimarathi. Mawu a Chingerezi olembedwa m'munsi mwa filimu aja anawazimitsa, ati amaononga kukoma. Ankamasulira okha.

"Uyu ndi mkulu wa zigawenga," anatero. "Watopa n'kuopedwa, akufuna akhale munthu."

Chigawengacho chinkayesetsadi. Chikapereka moni pamsika, anthu ankangochipatsa mawotchi n'kuthawa. Alandilodi ankaseka mpaka kutsokomola. Koma munthu wina atagwetsedwa chagada, anaimitsa filimuyo.

"Bodza! Munthu sagwetsedwa choncho."

Ndi pomwe anandiuza kuti ali mnyamata anali katswiri wa masewera ogwetsana kumudzi kwawo. Ati kumeneko dothi la pabwalo amalithira mkaka ndi mafuta, ndipo amalilemekeza kuposa apongozi.

Loweruka m'mawa ndinawapeza atagaula kapinga wa kuseri kwa nyumba, atakhuthulapo matumba a manyowa a maluwa ndi mkaka wonse wa m'furiji. Anali ndi kabudula yekha, kunja kukuzizira koopsa.

"Vula nsapato. Lipatse moni dothili."

Ndinali ndi shifiti ku Lewisham, koma mwini nyumba sumukanira. Ndinagwada.

"Mwadzuka bwanji?" ndinatero, kulankhula ndi manyowa.

Tinagwirana, ine ndikuopa kuwathyola. Zomwe zinachitika sindikuzidziwa. Ndinangoona ndege ikudutsa kumwamba, msana wanga uli m'matope. Iwo anali chiweramire pamwamba panga, osasuntha.

"Usandikhudze," ananong'ona. "Msana. Itana amayi."

Akazi awo anatuluka, anayang'ana amuna awo, anayang'ana mabotolo opanda kanthu, n'kubwerera m'nyumba. Anaphika tiyi wopanda mkaka, n'kundiitana ine ndekha. Tinamwera pawindo, tikuonerera katswiri uja ali chiweramire, amphaka a m'dera lonse akunyambita dothi mozungulira mapazi ake. Tiyi atatha m'pamene anati, "Basi, tiye tikawatenge."

Tinawanyamula ali chopindika, ngati mpando. Kuntchito ndinafika mochedwa, ndikununkha mkaka, ndipo abwana atandifunsa ndinangoti sitima inavuta.

Kutayamba kufunda, mayi aja anadzalapo matimati pabwalopo. Matimatiwo anabereka mpaka tinkagawira anthu odutsa mumsewu.