Mpongozi Wankhanza wa pa Kanema

Fungo la utsi wa jenereta limandibwezera ku Nsaru, chilimwe chimene ndinali mu Sitandade 4. Jeneretayo inkalira kuseri kwa nyumba yoonetsera kanema, pafupi ndi chigayo, ife ana tikusuzumira m'ming'alu ya chitseko. M'makanema ambiri a Chichewa munkakhala amayi anga aang'ono, a Esinala. Sankapatsidwa mbali yaikulu. Ankakhala mpongozi wolusa, mayi wopeza womana ana chakudya, mwina mfiti. Dzina lawo anthu sankalidziwa, koma nkhope yawo inkadziwika mpaka ku Kabudula.

Chaka chimenecho anabwera kuchokera m'tauni kudzathandiza kukonzekera chinkhoswe cha akulu anga, a Dorofe. Kunkatentha, nyenje zikulira osapuma, kamvuluvulu akuulutsa makoko a mtedza pabwalo. A Esinala sankakhazikika. Ankati akhala pamphasa kusenda mtedza, posakhalitsa anyamuka kukakwera pachulu, foni m'mwamba, kufunafuna netiweki. Ankadikira kuitanidwa kukasewera sewero latsopano la pa wailesi yakanema. Ine ndinkawalondola paliponse, chifukwa ankatha kusintha mawu n'kusanduka nkhalamba, kenaka khanda, ndipo ankandiluka tsitsi mosapweteka.

Kumjigo zinali zina. Tikafika macheza ankatha, amayi ena n'kukokera ana awo kumbuyo. Tsiku lina wogulitsa tomato anawauza pamaso kuti Mulungu adzawalanga chifukwa cha mwana wamasiye amene anamuzunza m'kanema. A Esinala anangoseka.

Kenaka kunabwera ankhoswe akuchimuna. Anakhala nthawi yaitali ndi amalume pansi pa mtengo wa mango, akuyankhulira pansipansi. Chimene ndinatolapo n'chakuti amayi a mnyamatayo sakufuna kuti mwana wawo akakhale mkamwini pamudzi pa mayi wouma mtima wa m'kanema uja. A Dorofe anadzitsekera m'nyumba, osadya.

M'mawa mwake ndinapeza a Esinala akulongedza chikwama.

"Kodi akuitanani?" ndinafunsa.

"Andiitana, mwana wanga. Akuti popanda ine sewero silitheka."

Ananena nkhope ikuwala, moti ndinawaperekeza kokwerera matola ndikudumphadumpha. Chinkhoswe chinachitika bwinobwino. Kusukulu ndinauza aliyense kuti adikire sewero la amayi anga, ngakhale kumtima ndinawakwiyira posankha kanema m'malo mwa ife. Mvula inagwa, chimanga chinamera, sewerolo silinaoneke.

Ndinamva nditakula, kwa amayi anga ondibereka, kuti panalibe amene anawaitana a Esinala; anachoka kuti chinkhoswe chisalephereke. Anakafikira kwa mnzawo ku Kawale n'kumakazinga mandasi, ndipo nsalu imene anagula kuti adzavale pachinkhoswe anaisiya m'sutikesi ya a Dorofe. Ndili mwana ndinkawaseka anthu a pamudzi kuti satha kusiyanitsa sewero ndi zenizeni. M'mawa umene ndinawaperekeza uja, nanenso sindinasiyanitse.